Mfundo imene Sekulu Zuze sanamange

Ligi ya mpira ya ku Spain yatha sabata yathayi. Lolemba m'mawa, nditangoona pa foni dzina la mnyamata amene watenga chikho cha womwetsa zigoli zambiri, ndinavala mapatapata n'kuuyamba wa ku doko kuti ndikawauze Sekulu Zuze. Ndinafika mpaka pa msika, pamene azimayi amayala nsomba zamchere, m'pamene ndinakumbukira kuti munthuyo tinamuika m'manda mu Okutobala. Ndinaima pamenepo kukamwa yasa, foni ili m'manja. Mayi wina anandifunsa ngati ndikufuna pende, ndipo ndinagula ziwiri kuti anthu asaone kuti mutu wandisokonekera.

Amene sanawadziwe asaganize kuti ndikulira munthu wofatsa. Sekulu Zuze anali ouma mutu, amakani, ndipo ine ndinakangana nawo zaka makumi awiri, ine ndili ndi wezulo pakamwa monga woyimbira mpira, iwo ali pa mpando wawo pansi pa mtengo wa masau m'mbali mwa bwalo. Koma ndikawakumbukira lero mtima wanga umakhala m'malo, chifukwa chimene tinkachiopa tonse kuno ku Boma sichinachitike. Tinkaopa kuti adzafa asanalankhulane ndi mwana wawo Domingo. Zaka khumi ndi chimodzi bambo ndi mwana sankapatsana moni, ndipo mlandu wake unali chigoli chimodzi.

Ntchito yawo inali yowolotsa anthu. Kuyambira ali mnyamata ankapalasa bwato pakati pa Feira, kuno ku Boma, ndi Zumbo wa ku Mozambique, pamene Luangwa amathira mu Zambezi, atanyamula amalonda, matumba a mchere, odwala, ngakhale mbuzi. Mapewa awo anali otambalala, miyendo yowonda, ndipo pamtunda ankayenda mokayikira ngati nthaka ndiyo ingawagwetse. Maboti a injini atabwera ankawanyoza poyera, ati amenewo ndi a anthu amene sadziwa madzi koma amadziwa kukoka chingwe. Kumbuyo kwa bwato lawo kunkalendewera kawailesi kokulungidwa m'pepala la pulasitiki. Chipwitikizi anachitola kwa anthu amene ankawawolotsa, choncho ankamvera mawailesi a ku Mozambique, ndipo kumeneko n'kumene anamvera za mpira wa ku Spain.

Matimu a kumeneko analibe nawo ntchito. Anyamata a pa msika anagawikana, ena malaya oyera, ena a mizere, mpaka kutukwanirana makolo, koma Sekulu ukawafunsa timu yawo ankakuyang'ana ngati wawafunsa mtundu wa ng'ona imene amaikonda. Chimene chinawagwira mtima ndi chikho chija chimene amapatsa munthu mmodzi, amene wamwetsa zigoli zambiri ligi yonse. Nkhani yake ankainena kwa aliyense wokwera bwato, wofuna ndi wosafuna, poti pakati pa madzi palibe kothawira. Ankati chikhocho amapereka ndi anthu a nyuzipepala, ndipo anachitcha dzina la wosewera wina wakalekale amene anamwalira akadali wamng'ono. Ankati anthu awiri akafanana zigoli, onse amalandira. Ankaseka za chikho china chimene amapatsa mbadwa zokhazokha, ati ndi cha eni nyumba amene alendo awathera ndiwo m'mbale. Koma chimene ankachinena mawu atakwera chinali chakuti a nyuzipepalawo ankawerenga zigoli ndi maso awoawo, osadalira pepala la woyimbira. Akafika pamenepa, ngati ine ndili m'bwatomo, ankandiloza ndi chibwano.

Tsono anaganiza kuti Feira sangachepere Spain. Palibe anawasankha. Anangofika pa bwalo tsiku lina atasenza chidutswa cha bwato lakale, n'kuchivundikira pansi pa mtengo wa masau, n'kukhalapo, n'kulengeza kuti kuyambira lero womwetsa zigoli zambiri mu ligi yathu ya m'boma azilandira nkhafi ya mlombwa yosema iwo eni. Kulemba sankadziwa, choncho ankawerenga ndi zingwe zosokera ukonde. Wosewera aliyense anali ndi chingwe chake, ndipo kumapeto kwake kunali chizindikiro: wina batani, wina chitsekero cha botolo, wina mkanda. Mpira ukalowa, zala zawo zinkamanga mfundo imodzi. Zingwe zonse zinkapachikidwa pa msomali umene anakhomera pa mtengowo, ndipo masewero akatha ankazikulunga n'kuziika m'thumba la malaya.

Poyamba tinkawaseka. Patapita zaka zitatu, mnyamata akachinya ankayamba wayang'ana ku mtengo wa masau asanasangalale. Ine ndinkatha kuloza pakati pa bwalo, kulemba dzina m'kabuku kanga, koma ngati zala za Sekulu sizinasunthe, aliyense ankadziwa kuti chigolicho n'cha timu, koma si cha munthuyo. Lamulo lawo linali losavuta. Mpira ukagunda munthu wina panjira koma unali ukupita kale m'golo, chigolicho n'cha womenyayo. Ngati unali ukupita kunja, si chake. Anyamata akamadandaula kuti mpira wawo wagunda mtengo pang'ono pokha, ankawauza kuti fodya wako ndi amene ali pamphuno, wapachala ngwa mphepo. Mwambi umenewu unkawakhala bwino, poti kabotolo ka fodya wa m'mphuno sikankachoka m'thumba mwawo. Koma anali ndi lamulo: mpira uli m'kati sankanunkha, ankadikira nthawi yopumula.

Ndinkakwiya nawo, sindibisa. Ndine mphunzitsi, za malamulo a mpira ndinachita kukaphunzira, ndipo nkhalamba yosadziwa kulemba dzina lake inkandigonjetsa pamaso pa ana anga a sukulu. Tsiku lina ndinawauza kuti dziko lonse lapansi mawu omaliza ndi a woyimbira. Anandiyankha kuti dziko lonse lapansi kupatula Spain ndi pansi pa mtengo uno. Kanema atabwera pa shopu ina ya pa msika, ankapita kukaonera masewero a masana, atakhala kutsogolo kwenikweni, chipewa pa bondo. Makina aja obwereza chigoli kuti oyimbira aonenso ankadana nawo kwambiri. Ankati amenewo anapangira anthu ophethira, munthu wamaso amaona kamodzi basi. Mawu amenewa ndinawamva kosawerengeka, ndipo sindinkadziwa kuti akamawanena mumtima mwawo mukuwawa.

Domingo anali mwana wawo wamwamuna yekhayo. Ankasewera kutsogolo mu timu ya asodzi, ndipo chingwe chake chinali ndi dzino la mcheni kumapeto. Zaka zisanu ndi zitatu anathamangira nkhafi ya atate ake osaipeza. Chaka china anatsala ndi ziwiri, china ndi chimodzi. Anthu ankati Sekulu amamuumira mtima dala kuti asanenedwe zokondera, ndipo ine ndikuganiza kuti munali choonadi pang'ono. Chaka chimene ndikunenachi bondo la Domingo linali litayamba kutupa, ndipo aliyense ankadziwa kuti ndi chaka chake chomaliza. Anafika pa masewero otsiriza ali ndi mfundo khumi ndi zitatu. Patisoni, mnyamata wa timu ya ku Mburuma, anali ndi khumi ndi zinayi. Chigoli chimodzi chokha, ndipo mwa lamulo la ku Spain nkhafi zikanasemedwa ziwiri.

Linali Loweruka lotentha. A ku Mburuma anabwera pa lole ya makala, atada bii mpaka m'makutu, anthu n'kumawafunsa kuti nkhafi akapalasira chiyani kwawoko, fumbi kodi. Achibale a chibwenzi cha Domingo anawoloka kuchokera ku Zumbo kudzamuonera. Patisoni tsiku limenelo anamugwira zolimba, sanachinye. Kutatsala mphindi zochepa Domingo analandira mpira kunja kwa bokosi, anatembenuka n'kumenya. Kutsogolo kwake kunali Bonifasi, wotchinga kumbuyo wa ku Mburuma, chimunthu chonenepa, amene anatembenuka kuopa mpirawo. Unamugunda m'matako, unakhota, n'kulowa. Fumbi linali koboo. Ndinaimba wezulo n'kulemba dzina la Domingo.

Anzake anamunyamula pamapewa mpaka pa mtengo wa masau. Sekulu anali chikhalire, chingwe cha dzino la mcheni chili m'manja, maso ali ofiira, zala zili duu.

“Ababa, mangani,” anatero Domingo akupumira m'mwamba.

“Sinimanga.”

“A Ticha alemba kale dzina langa.”

“Pepala ni ya a Ticha, chingwe ni changa. Bola inali kupita kunja. Yamene yachinya ni matako ya Bonifasi.”

Bwalo lonse linafa nalo phwete. Ndikukhulupirira kuti kukanakhala kopanda kuseka kuja, nkhaniyi ikanatha ndi kukwiya kwa sabata imodzi. Koma anaseka onse, ana, azimayi ogulitsa zitumbuwa, ngakhale alendo a ku Zumbo aja anabisa nkhope m'zitenje. Domingo anatsika pamapewa a anzake. Ananena kuti ngakhale ku Spain komweko chaka china a nyuzipepala anampatsa munthu chigoli chimene chinagunda mnzake panjira. Sekulu anati uja mpira wake unali wolunjika. Ndiye Domingo anawayang'ana n'kunena motsitsa mawu, moti tinamva ndife ochepa.

“Ngati maso yanu yaona matako ya munthu wina kupambana mwendo wa mwana wanu, basi. Simuzaniwonanso.”

Nkhafi anatenga Patisoni, akuchita manyazi. Sabata yotsatira Domingo anawolokera ku Zumbo, anakwatira komweko, n'kuyamba ntchito yothira nsomba mchere ndi kuziyanika.

Munthu wakutali akamva kuti mwana anathawira dziko lina angaganize za ulendo wa masiku ambiri. Zumbo timamuona tili pa doko pathu pano, madenga ake akunyezimira. Sekulu ankakocheza kumeneko kawiri kapena katatu pa tsiku, ndipo nthawi zambiri Domingo amakhala ali pagombe pomwepo akulongedza matumba. Pakati pawo pankangotsala mapazi khumi. Bambo ankayang'ana madzi, mwana ankayang'ana matumba. Domingo akafuna kubwera ku Boma ankakwera boti ya injini, ndipo kwa Sekulu chimenecho chinali chipongwe choposa kusapereka moni.

Amene anavutika ndi amake Domingo, mayi wachinsenga wolankhula mosapsatira. Iwo ankakwera bwato la amuna awo kukaona mwana ndi adzukulu, n'kubwerera m'bwato lomwelo. Anandiuza kuti pobwerera Sekulu sankafunsa za mwanayo, koma ankafunsa kuti kodi ku Zumbo kukutentha bwanji masiku ano, chonsecho achokera komweko limodzi. Nthawi ya masau Sekulu ankadzaza kathumba n'kukaika m'bwato, ati mukapatse aliyense amene mungakumane naye. Domingo naye ankatumiza nsomba, ati ndi za amayi okha. Sekulu ankazidya, kutafuna mpaka mutu, n'kumayamikira kuti nsomba za pa msika masiku ano akuzithira mchere bwino. Fodya anamusiya chaka chomwecho. Kabotolo kaja anakaponya pakati pa mtsinje anthu akuona, ati chifuwa. Ena ankati ndi chisoni, ena ankati alapa.

Tinayesa kuwayanjanitsa. Akulu a mpingo anapita, anabwerako manja m'khosi. Ine ndinawauza kuti chibale ndi fupa, sichiwola. Anandiyankha kuti fupa la mcheni nalonso siliwola, koma likakuima pakhosi sulankhula. Ankati mwana ndiye ayenera kubwera kudzavomera kuti mpira unali ukupita kunja. Domingo nayenso ankati bambo ndiwo ayenera kumanga mfundo ija kaye. Zaka zinkapita, Sekulu anayamba kuwerama, bwato anasiyira mphwawo, ndipo ife tinayamba kunong'onezana zimene zimanenedwa munthu akamatha. Kuno mwana amene sanayanjane ndi atate ake mpaka imfa sakhala pa mtendere. Chilichonse chimene chingamugwere pambuyo pake, matenda, bwato kugubuduka, anthu amaloza komweko, ndipo iye mwini amayamba kukhulupirira.

Mu Seputembala chaka chatha miyendo yawo inatupa. Anagonekedwa ku chipatala masiku angapo n'kuwabweza, ndipo tonse tinamva tanthauzo lake. Tsiku lina masana ananditumizira uthenga kuti ndifike. Ndinawapeza atagona pa mphasa pakhonde, amake Domingo atakhala pambali akuwakupiza ndi chivundikiro cha ndowa. Tinapatsana moni, tinakamba za kutentha, tinakamba za njovu zimene zinathyola mpanda wa dimba la aneba. Nkhani yeniyeni siinkabwera.

“Kambani, awisi Domingo,” anatero mayiwo. “Mukalephera nizakamba ndine.”

Sekulu anatsokomola. “A Ticha, chigoli chija. Imwe munachiona bwino?”

Ndinawauza zoona, kuti ndinaona Domingo akumenya, ndinaona fumbi, kenako mpira uli mu ukonde.

“Ine sininachione,” anatero.

Ndinaganiza kuti matenda awasokoneza. Koma anafotokoza bwinobwino, maso ali kudenga. Tsiku lija mtima unkawagunda kwambiri chifukwa cha mwanayo, moti anaswa lamulo lawo lomwe. Anatulutsa kabotolo mpira uli m'kati, n'kununkha wambiri. Pamene Domingo ankakweza mwendo, iwo anayetsemula. Anayetsemula katatu motsatizana, ndipo potsegula maso anthu anali akuthamanga kale. Anati pamene gulu linkabwera mutu wawo unazungulira. Akanena kuti sanaone, ndiye kuti zingwe za zaka zonse zija zasanduka zosokera ukonde wamba. Akamanga osaona, ndiye kuti akondera mwana wawo, ndipo wina akhoza kukhala kuti wawaona akuyetsemula. Kumbuyo kwawo wina anafuula za matako a Bonifasi, iwo n'kungotola mawuwo. Atawatulutsa pakamwa, pobweza panalibe.

“Nanga imwe amayi, munadziwa liti?” ndinafunsa.

“Tsiku yamene anataya botolo. Munthu wamene ananunkha fodya pa ukwati wake mu tchalitchi, angaleke chifukwa cha chifuwa? Ninawafunsa, anavomera, koma ananilumbiritsa.”

Ndinapsa mtima, ndinene zoona. Ndinakumbukira nthawi zonse zimene anandinyoza kuti ndine wophethira. Ndinatsegula pakamwa kuti ndiwabwezere, koma nditayang'ana miyendo yotupayo ndinatsekanso. Sekulu anapisa dzanja pansi pa pilo n'kutulutsa chingwe cha dzino la mcheni. Anati ndipite nacho ku Zumbo, ndikamuuze mwanayo zonse, ndisabise za fodya. Anati akakana kubwera, chingwecho ndikachiponye m'madzi pobwerera.

Ndinawoloka m'mawa mwake, ndipo Sekulu andikhululukire, ndinakwera boti ya injini. Njira yonse ndinkaopa kuti uthengawu uwonjezera moto, poti munthu akhoza kupirira kuweruzidwa molakwa, koma kumva kuti woweruzayo sanaone n'komwe ndi nkhani ina. Domingo ndinamupeza pa thandala la nsomba, manja ali mbuu ndi mchere, imvi zitayamba m'ndevu. Ndinamuonetsa chingwe n'kumufotokozera. Sanandidule mawu. Nditamaliza anakhala pa thumba la mchere.

“Anayetsemula?”

“Katatu.”

Anayamba kuseka, kuseka kosamveka mawu, mapewa okha akugwedezeka, kenako ndinaona kuti misozi ikutsika. Anaipukuta ndi dzanja la mchere, maso n'kuyamba kumuwawa, n'kutukwana. Atasamba kumaso anandifunsa kuti ali bwanji. Ndinamuuza kuti ngati akufuna kuwapeza, tsiku lake ndi lero. Sanakasinthe n'komwe malaya. Boti ya injini inali pomwepo ikudikira anthu, koma iye anaipitirira n'kukabwereka bwato kwa mnzake, ndipo anandiwolotsa akupalasa yekha.

Titafika pakhomo, amake Domingo anaimirira n'kukhalanso pansi. Domingo anagwada m'mphepete mwa mphasa n'kuwomba m'manja.

“Wabwera,” anatero Sekulu.

“Nabwera, ababa.”

Anatambasula dzanja kwa ine, ndinawapatsa chingwe chija. Anachipinda pamalo pomangira mfundo, n'kuchigwira chomwecho.

“A Ticha akuuza. Ine sininaone. Manje iwe unalipo, bola unamenya ndiwe. Niuze mwamene inayendera. Chamene uzakamba, nizamanga.”

Ndinapumira m'kati. Ndinkadziwa kuti zatha apa, mfundo imangidwa, tonse tipuma. Domingo anayang'ana chingwecho nthawi yaitali.

“Inali kupita kunja, ababa.”

Anapitiriza, maso ali pa chingwe pomwepo.

“Ninaimenya na mbali ya phazi, bondo inaniwawa. Sembe Bonifasi sanaime paja, inali kukagwera ku zitumbuwa. Ninaziba pamene inachoka pa mwendo.”

Sekulu anaphethiraphethira. Kenako nkhope yawo inayamba kuwala, ndipo ananena ndi mawu awo akale aja a pansi pa mtengo.

“Ndiye kuti ninaona bwino.”

“Munaona chani, maso yali otseka?” anakuwa amake Domingo. Anaponya chivundikiro cha ndowa pansi. Anawalalatira onse awiri, wina wabodza wamkulu, wina wabodza wamng'ono, zaka khumi ndi chimodzi iwo akuwoloka mtsinje wa ng'ona ndi tithumba ta masau chifukwa cha matako a munthu wa ku Mburuma. Ankalalata akulira, kenako akuseka, ndipo aneba anayamba kusuzumira pa mpanda poganiza kuti maliro achitika.

Phokoso litatsika, Sekulu anamufunsa mwanayo kuti nanga ngati ankadziwa, anakwiyiranji. Domingo anayankha akuyang'ana pansi.

“Ninafuna chabe kuti kamodzi muname chifukwa cha ine.”

“Kunama ninanama, mwana wanga,” anatero Sekulu. “Koma ninanamira ine mwine. Unikhululukire.”

Anawongola chingwe chija pamene anachipinda, n'kuchiika m'manja mwa Domingo chopanda mfundo yatsopano. Ine ndinatuluka kukaima kuseri kwa nyumba, chifukwa mphunzitsi salira pamaso pa anthu.

Anakhala limodzi masabata atatu. Domingo anaitanitsa mkazi wake ndi ana, nyumba inadzaza. Ankawanyamula atate ake kupita nawo ku doko kuti akaone madzi, ndipo Loweruka masana ankawagwirira foni kuti aonere mpira wa ku Spain, iwo akutsutsa oyimbira ngati kale. Tsiku lina anawagulira fodya wa m'mphuno. Sekulu ananunkha, anayetsemula mpaka mphasa kugwedezeka, n'kunena kuti zaka zonsezi chimene ankachisowa kwambiri ndi ichi, mwana ndi wachiwiri. Anamwalira m'mawa wina dzuwa litangotuluka, mutu uli pamiyendo pa Domingo.

Pa maliro panali kulira, koma sikunali kulira kwa mantha kumene tinkakuyembekezera zaka zonse zija. Patisoni anabwera kuchokera ku Mburuma atanyamula nkhafi ija, ikadali yatsopano poti inangokhala kudenga, ndipo anafuna kumupatsa Domingo. Domingo anakana, anati mwini wake ndi amene anaipata. Bonifasi naye analipo, wanenepa kuposa kale, ndipo kulikonse kumene ankakhala anthu ankamupempha kuti asamale chuma cha boma lathu. Ngakhale amake Domingo anaseka.

Lolemba lija, nsomba zanga ziwiri zili m'manja, sindinabwerere kunyumba. Ndinapitirira mpaka ku bwalo. Chidutswa cha bwato chikadali pansi pa mtengo wa masau, chovundikira, pamwamba pake posalala chifukwa cha kukhalidwa zaka zambiri. Kutsogolo kwake kuli timaenje tiwiri pamene zidendene zawo zinkakumba masewero akafika povuta. Masau akugwera pomwepo osatoledwa, mbuzi ndizo zikudya. Palibe amakhalapo. Zigoli za chaka chino akumanga ndi Domingo, amene amawoloka Loweruka lililonse, koma amamanga ataimirira pambali, ndipo akakayika amafunsa anthu poyera, ngakhale ine amandifunsa.

Ndinatchula dzina la mnyamata wa ku Spain uja mokweza, ndi zigoli zake, monga ndinkachitira chaka ndi chaka. Panalibe wondiuza kuti awerenga molakwa. Pa msomali paja pamatsala chingwe chimodzi chokha chimene sichichotsedwa, cha dzino la mcheni, ndipo dzuwa lachiyeretsa. Ndinachigwira n'kuwerenga ndi chala. Mfundo zake zikadali khumi ndi zitatu.